Mabisiketi a alimondi m'dzinja la ku Lilayi

Chaka chatsopano cha Atchaina chimatsata mwezi, ndiye tsiku lake limasuntha pakati pa 21 Januwale ndi 20 Febuluwale. Mu 2025 chinagwa pa 29 Januwale, mu 2026 pa 17 Febuluwale. Ku Beijing imeneyi ndi nyengo yozizira, mpweya uli wouma gwa. Ku Lusaka ndi pakatikati pa dzinja, zovala zikukana kuuma pachingwe, mchere ukuchita madzi m'botolo. Wophika mabisiketi a chikondwererochi kuno amalimbana ndi chinyezi kuyambira potsegula thumba la ufa kufikira potseka chitini.

Atchaina anayamba kudziwika kwambiri mu Zambia pomanga njanji ya TAZARA, yochokera ku Dar es Salaam kukafika ku Kapiri Mposhi, pakati pa 1970 ndi 1975. Lero ali ndi masitolo, minda ndi malo odyera mu Lusaka, ndipo m'makhitchini mwawo ambiri ogwira mpeni ndi chiwaya ndi anthu akuno. Amayi ena a ku Lilayi, kumwera kwa mzinda ukapatuka mumsewu wa Kafue, anaphunzira mabisiketi a alimondi pamene ankaphikira banja lina lochokera ku Guangdong. Ntchitoyo anasiya kale, koma Januwale akafika oda imawapezabe pakhomo. Ndimakonda kuonerera manja awo.

Amayamba ndi mafuta a nkhumba, osati batala. Amawadula tizidutswa n'kuwasungunula pamoto wochepa, mosafulumira, kuti atuluke oyera opanda fungo la kupserera, kenako amawasefa n'kuwasiya aundane. Chifukwa chake n'chomveka. Batala ali ndi madzi, pafupifupi gawo limodzi mwa magawo asanu, ndipo ufa wa tirigu ukakumana ndi madzi umayamba kutamuka. Mafuta a nkhumba alibe madzi. Amakuta ufawo, ndipo bisiketi imatuluka yonyenyeka.

Luso lenileni lili pamenepa. Ife tinakula tikudziwa kuti nsima imafuna mkono, uivundule ndi mthiko mpaka thukuta, koma ufa uwu umafuna munthu wodziwa kuletsa dzanja lake. Amayiwa amafikisa mafuta mu ufa, shuga, alimondi wopera ndi soda pang'ono ndi nsonga za zala zokha. Chikhatho sachigwiritsa ntchito chifukwa n'chotentha, chingasungunule mafutawo nthawi isanakwane. Amanyamula ufawo m'mwamba n'kumausiya ugwe m'beseni, mpaka wonse uchite timibulu tosalala. Akathira dzira amasakaniza kangapo chabe. Mwana wa mchemwali wawo, amene amawathandiza, akayamba kuuponderera mwamphamvu amamugwira pamkono: "Usakande, mwana wanga. Ungousonkhanitsa." Tsiku la mvula ufa umakhala utamwa kale chinyezi, choncho dzira salithira lonse. Palibe sikelo imene imawauza zimenezi. Amafinya pang'ono m'manja: ukagwirana n'kusweka ndi chala chimodzi, wakwana.

Akauziziritsa amaumba timipira tofanana, n'kutiphwatalitsa pang'ono kuti m'mbali muyambe ming'alu. Ming'aluyo saikonza, ndiyo umboni woti sanakande. Pakati amakhomerapo alimondi mmodzi, molowetsa ndithu kuti asagwe, koma osaboola. Pamwamba amapakapo chachikasu cha dzira kawiri, kudikira koyamba kuume, kuti bisiketi ituluke yowala ngati golide. Kubulungira kwake ndi mtundu wake zimaimira ndalama zachitsulo, ndiye kumupatsa mnzako ndi kumufunira chaka chabwino cha chuma. Chikondwererocho chimatha masiku 15, anthu akuyenderana, ndipo mlendo aliyense amalandiridwa ndi tiyi ndi kanthu kotsekemera.

Uvuni amaika pa madigiri 160 kapena kupitirira pang'ono, kwa mphindi 15 mpaka 20. Koma mu 2024, madzi atachepa ku Kariba chifukwa cha chilala, magetsi ankazima kwa maola ambiri patsiku, ndipo amayiwa anabwerera ku mbaula. Amathira mchenga pansi pa poto wamkulu kuti moto usafike mwachindunji, thireyi pamwamba pake, makala owerengeka pachivundikiro. Amayeza kutentha polowetsa dzanja, amatembenuza poto pang'onopang'ono, ndipo kupsa amakumva ndi mphuno asanavundukule. Ena angati kumeneku n'kusowa pogwira, koma ine ndimaona kuti n'kuyandikira kumene zinachokera. Ku Macau ndi ku Zhongshan, mabisiketi a alimondi otchuka amapangidwa ndi ufa wa mphodza, kudindidwa m'zikombole zamatabwa, n'kuumitsidwa pa makala. Bekale ya Choi Heong Yuen ku Macau yakhala ikuwapanga kuyambira 1935.

Akaphula sawagwira. Bisiketi yotentha imafumbutuka ukangoinyamula, ndiye imazizirira pathireyi pomwepo. Ikangozizira imalowa m'chitini chotseka bwino nthawi yomweyo, chifukwa shuga amakoka chinyezi, ndipo ikagona panja usiku umodzi wa Febuluwale m'mawa imakhala yafewa.

Vuto lina ndi mtengo. Alimondi wa m'masitolo a ku Kabulonga ndi Woodlands ndi wochokera kunja, ndipo pafupifupi 80 peresenti ya alimondi wa dziko lonse amalimidwa ku California. Ndiye pambali pa oda ya alimondi amayiwa amapanganso a mtedza, ndipo sikuti akupeka: Atchaina a ku Malaysia ndi Singapore amaphika mabisiketi a mtedza pa chikondwerero chomwechi. Apa mwayi uli kwathu. Mtedza wa Chalimbana, wa njere zikuluzikulu, umene alimi a ku Chipata, Katete ndi Petauke aulima kwa zaka zambiri, ukakazingidwa bwino fungo lake limadzaza nyumba.

Kungoti mu Januwale mtedza ndi wakale, wokololedwa chaka chatha, ndipo wina umakhala utagwidwa chuku. Amayiwa amauyala palichero n'kusankha njere imodziimodzi, kutaya yonse yofota, yakuda kapena yobooka. Amakazinga pamoto wofatsa osaleka kutakasa, amafikisa kuchotsa makoko, amapeta, kenako amasinja mumtondo. Posinjapo m'pamene amachenjera kwambiri: munsi ukapitirira pang'ono mtedza umatulutsa mafuta n'kusanduka chiponde, ndipo chiponde sichipanga bisiketi yonyenyeka. Amaleka usanafike pamenepo, amasefa, zotsala pasefa amazibwezera mumtondo. Kilogalamu imodzi imawatengera m'mawa wonse, ndipo makina operera amene mwana wawo anawagulira amawagwiritsa ntchito pa alimondi yekha.