Mneneri ndi ngongole yake

Sabata yatha ndinawerenganso The Trials of Brother Jero, sewero la Wole Soyinka la mu 1960, nditakhala pakhonde kwathu ku Chiradzulu. Ndili ku koleji ndinkangoseka. Ulendo uno phwete linathera panjira.

Kwa inu amene simunaliwerenge: Jero ndi mneneri wa m'mbali mwa nyanja ku Lagos. Wotsatira wake, Chume, akufunitsitsa kumenya mkazi wake, Amope, koma Jero amamuletsa. Si chifundo ayi. Akudziwa kuti munthu wosakhutira ndi amene sajomba kumapemphero. Kenako akutulukira kuti Amope ndi mayi yemwe uja akumudikirira pakhomo chifukwa cha ngongole ya mkanjo. Pompo chifuniro cha Mulungu chasintha: pita ukamenye.

Apa ndi pomwe Soyinka akuposera masewero athu ambiri a pa wailesi ndi pa Facebook. Ife timaseka suti yoyera, madzi odzozedwa, malilime, basi tathana nazo. Iye akutionetsa chiphunzitso chikukhota kutsata thumba la mlaliki, wolipira n'kukhala msana wa mayi wageni. Chondinyansa n'choti Amope anamulemba wolongolola kwambiri, moti owonera ena amatha kuchemerera Chume.

Nanga kwathu kuno nkhani yotere tilibe? Pa Magomero ndi pamene amishoni a UMCA anayambira ntchito mu 1861, atawaperekeza David Livingstone mwiniwake. Patapita zaka malowo anasanduka esiteti ya mdzukulu wake, A. L. Bruce. Anthu ankalira ndi thangata, tinyumba topemphereramo ta mpingo wa John Chilembwe tikuotchedwa. Banja la mmishoni kuotcha matchalitchi! Ngakhale Jero akanagwira pakamwa.

Koma tisafulumire kuomba m'manja. Lamulungu la pa 24 Januwale 1915, Chilembwe analalikira ku Mbombwe mutu wa William Jervis Livingstone, woyang'anira esiteti ija, uli poonekera. Chaka chilichonse pa 15 Januwale timatchena kupita ku PIM, koma nkhani ya mutuwo timailambalala ngati dzenje la pamsewu. Musandimve molakwa, Chilembwe ndimamulemekeza, ndipo sanali Jero. Amene amandisowetsa tulo ndi Chume wa tsiku limenelo, bambo wokhala pa benchi lachitatu, akuyimba nyimbo maso ali pa mutu wa munthu.

Ndayesapo kawiri kulemba kasewero ka bamboyu. Ulendo woyamba kanatuluka ulaliki, wachiwiri kanatuluka mwano. Mapepala onse awiri mayi anga anayatsira mbaula.