Za Osewera m'Zithunzi Zophunzitsa

Kuyambira caka ca 1948 kufikira 1963, bungwe la Central African Film Unit linali kukonza zithunzithunzi zoyenda zophunzitsa anthu a ku Nyasaland ndi a m'maiko awiri a Rhodesia. Zina zinali za ulimi, zina za ukhondo ndi kusunga ndalama, ndipo galimoto linali kuzitengera ku midzi kukazionetsa usiku pabwalo. Osewera m'menemo sanali ophunzira nchitoyo ai, koma alimi, amai ndi anyamata amene Stephen Peet ndi anzace anawapeza komwe anali kujambulako.

Cilema cacikulu ca zithunzizi ndico cakuti wosewera analandidwa mau. Zoyambazo zinajambulidwa zosalankhula, ndipo womasulira ndiye anali kuima pambali ndi kunena zimene munthuyo ali kuganiza. Nkhaninso kawirikawiri inali imodzimodzi, ya wanzeru ndi wopusa, monga mu The Two Farmers: wina amvera mlangizi nakolola, mnzace akana nasauka. Mu Mulenga Goes to Town mnyamata apita ku tauni kukagulitsa nkhuku nabwerako cimanjamanja. Wosewera ngati wopusayo ndiye anasenza nchito yolemera, pakuti anayenera kuseketsa khamu ndi thupi lokha. Tsono ngati anaicita bwino, mitima ya oonerera inapita kwa iyeyo, ndipo wanzeru uja anatsala wouma ngati cipika, pamodzi ndi phunziro lace.

Izi sizingadabwitse munthu wa ku Nsaru, Kabudula kapena Nambuma, kumene gule wamkulu anazika mizu. Cilombo sicifuna womasulira pabwalo. Akulu ndi ana amamva mwambo wace m'mapazi, m'fumbi ndi m'ng'oma. Anthu ozolowera kuweruza kavinidwe kotere sanganyengeke ndi munthu wogwira khasu monamizira. Makamaka cithunzi cophunzitsa mpira, liwiro kapena kulumpha cifuna wosewera amene thupi lace lidziwadi cinthuco, pakuti mwendo ukaphonya, womasulira alibe cobisira.

Stephen Peet anabwerera ku Britain, ndipo kuyambira 1969 anadziwika ndi Yesterday's Witness pa BBC, m'mene anthu wamba anasimba mbiri yao ndi pakamwa pao. Osewera a kuno, kujambula kutatha, ambiri anabwerera ku minda yao osapeza njira yopitirizira luso lija, ndipo oonerera anawakumbuka ndi dzina la m'cithunzi lokha.