Duane Jones: Mphunzitsi Amene Adatchuka ndi Usiku Umodzi

M'chaka cha 1968 kagulu ka achinyamata a mumzinda wa Pittsburgh ku America, motsogozedwa ndi George Romero, kadatulutsa filimu yotchedwa Night of the Living Dead. Padalibe kampani yaikulu ya ku Hollywood yowathandiza. Adachita kusonkherana ndalama, ndipo ntchito yonse idadya madola pafupifupi 114,000 basi. Mbali ya mpangankhani, dzina lake Ben, adaipereka kwa Duane Jones, munthu wakuda yemwe adali mphunzitsi wa Chingerezi.

Nkhani yake njachidule. Anthu asanu ndi awiri adzitsekera m'nyumba ya kumudzi pothawa akufa amene adzuka nayamba kudya amoyo. Wowerenga asaganize za ndondocha, pakuti ndondocha imakhala ndi mwini wake woituma. Awa alibe mwini, chowayendetsa ndi njala yokha.

Luso la Jones lagona pa kudekha. Anzake akamakuwa ndi kunjenjemera, iye akuzula zitseko, akukhoma matabwa pamawindo, akuyankhula motsitsa ngati munthu amene wazolowera kuweruza phokoso la m'kalasi. Poyamba mbaliyi idalembedwa ngati ya dalaivala wa lole wosaphunzira, koma Jones adaisula kukhala ya munthu woganiza. M'zaka zimenezo, pamene akuda ambiri m'mafilimu ankapatsidwa mbali za antchito kapena oseketsa, kuona wakuda akulamula azungu popanda wina kutchula za khungu lake chidali chachilendo ndithu.

Komatu amene amamutama Ben ngati ngwazi yopanda banga sadaonetsetse. Usiku wonse iye akulimbana ndi Harry Cooper, bambo wamantha ndi wodzikonda, amene akuti onse akabisale m'chipinda chapansi pa nyumba. Ben akukana mwamphamvu, mpaka pamapeto pake akumuombera mnzakeyo. Onse atatha kufa, kodi Ben akupulumukira kuti? M'chipinda chomwe chija ankachikanachi. Jones sakubisa liuma limeneli. Akulisewera poyera, ndipo n'chifukwa chake Ben akuoneka munthu weniweni. Kutacha, gulu la azungu a mfuti likumuona pawindo nkumuombera pamphumi, kumuyesa mmodzi wa akufa aja. Filimuyi idatuluka patangopita miyezi isanu ndi umodzi Martin Luther King ataphedwa, choncho oonera sakadalephera kulumikiza ziwirizi, ngakhale Romero ankanena kuti adasankha Jones chifukwa choposa anzake poyesedwa, osati chifukwa cha khungu.

Ine ndimaona kuti ntchito yake yakuya ili mu Ganja & Hess ya Bill Gunn, ya 1973, m'mene adasewera ngati katswiri wamaphunziro wolemera amene wagwidwa ndi ludzu la magazi atabayidwa ndi mpeni wamakedzana. Apa kudekha kuja kukusanduka chisoni cha munthu wodziwa kuti akudzidya yekha. Filimuyi idaonetsedwa ku Cannes, koma kwawo amalonda adaidula naisintha dzina kuti Blood Couple. Adaonekanso mu Losing Ground ya Kathleen Collins mu 1982.

Hollywood siidamuitane, nayenso sadaithamangire. Adapitiriza kuphunzitsa zisudzo ku New York, ndipo sankakonda kukamba za Ben, poopa kuti ophunzira ake aziona nkhope ya pakanema m'malo mwa mphunzitsi wawo. Adamwalira mu 1988.