Matsenga a Siliva ndi Mawu Otsalira M'njira

Buku la R. F. Kuang lotchedwa Babel, lomwe linatuluka mu 2022, likuyambira m'chipinda cha odwala mumzinda wa Canton m'chaka cha 1828. Kolera wasesa banja lonse, mayi afera pambali pa mwana wawo, mwanayonso watsala madzi amodzi. Mzungu wina, Pulofesa Lovell, akulowa n'kuika kachitsulo ka siliva pachifuwa cha mnyamatayo, kenako akutchula mawu awiri olembedwa pakachitsulopo, lina la Chifalansa chakale, lina la Chingerezi. Mawu awiriwa ndi apachibale. Lakalelo linkatanthauza mankhwala opha mphamvu ya poizoni, koma litafika m'Chingerezi linatsala ndi tanthauzo la manyuchi okha. Mnyamatayo akumva kutsekemera m'kamwa, ndipo akuchira.

Matsenga onse a m'bukuli agona pamenepa. Mbali imodzi ya siliva amalembapo liwu la chinenero china, mbali inayo liwu lolimasulira. Popeza palibe mawu awiri ofanana ndendende, pamakhala tanthauzo lina lotsalira m'njira, ndipo siliva amatola lotsaliralo n'kulisandutsa chinthu chenicheni. Sitima zapamadzi zimathamanga nazo, milatho imalimba nazo, makina oluka nsalu amayenda nazo. Ndikuona kuti mwa olemba onse amene anapekapo matsenga omasulira zinenero, Kuang ndiye anafika pamutu pa nkhani, chifukwa anamanga mphamvuyo pa chilema chimene womasulira aliyense amachita nacho manyazi.

Ambiri amasankha njira yachidule. Douglas Adams, m'sewero lake la pa wailesi ya BBC la mu 1978 lomwe linakhala buku chaka chotsatira, anapeka kansomba kachikasu koti ukakaika m'khutu umamva chinenero chilichonse. Adams ankaseka, ndipo ananena yekha kuti kansombako kanabutsa nkhondo zambiri chifukwa anthu anayamba kumvana bwino lomwe. Koma amene anatengera nzeruyi mosaseka amangoigwiritsa ntchito ngati tsache losesera vuto pakhomo. Aliyense akumva mnzake, nkhani ipitirire. Matsenga otere sadya kanthu, sapweteka munthu, choncho sabala nkhani.

Chimene chimandigwira mtima kwambiri m'Babel ndi chakuti kiyi yotsekulira ndi yomweyonso yotsekera. Siliva sagwira ntchito m'manja mwa aliyense. Ngakhale utaba kachitsuloko, ngakhale utaloweza katchulidwe kake, sichichitika chilichonse pokhapokha wotchulayo akhale munthu amene zinenero ziwirizo zinamulowa m'magazi, woti amalota nazo. Chinsinsi chili m'munthu, osati m'chilembo. N'chifukwa chake Lovell akutenga mnyamata uja, amene akutenga dzina loti Robin Swift, n'kupita naye ku London, kenako ku nsanja ya omasulira ku Oxford. Zinenero za ku Ulaya zayamba kufanana chifukwa chobwerekana mawu, siliva wake akufooka, ndiye ufumu wa Britain ukusowa ana olankhula Chitchaina, Chiarabu ndi zina. Robin akuleredwa bwino, akudya bwino, koma akusungidwa monga mmene munthu amasungira kiyi ya nkhokwe. Wolemba sanachite kumata nkhani ya utsamunda pamwamba pa matsengawo. Yamera yokha kuchokera ku malamulo ake, mpaka kukafika ku mkangano wa opiamu umene unabala nkhondo ya Britain ndi China mu 1839.

Zoterezi zinachitikadi. Mu 1942 asilikali a America analemba amuna 29 a mtundu wa Navajo kuti apange njira yobisira mauthenga pa nkhondo yolimbana ndi Japan. M'chinenero chawo, chimene ambiri a iwo ankaletsedwa kulankhula kusukulu ali ana, thanki ya nkhondo inakhala fulu, sitima yoyenda pansi pa madzi inakhala nsomba yachitsulo. Maloko anali awiri: uyambe wadziwa chinenerocho, kenako udziwe kuti fulu si fulu.

Loko wachiwiriyu ndi amene Kuang sanamufike bwino, ndipo apa ndi pamene ndimasiyana naye. Matsenga ake amagwira liwu limodzi ndi linzake, ngati kuti chinenero ndi dikishonale. Amene anamasulirapo pamaliro kapena pabwalo la milandu akudziwa kuti zambiri sizitayikira m'liwu limodzi. Zimatayikira m'zimene anthu awiri akudziwa kale popanda kuzitchula. Gawo lina la mu 1991 la sewero la pa wailesi yakanema la Star Trek, lotchedwa Darmok, linaona zimenezi bwino kuposa bukuli. Makina omasulira akugwira ntchito yake popanda cholakwa, liwu lililonse likumveka, koma Kaputeni Picard sakutolapo kanthu, chifukwa alendowo amalankhula pongotchula anthu ndi malo a m'nthano zawo. Kuti amvane, mtsogoleri wa alendowo, Dathon, akudzitsekera ndi Picard padziko lina loopsa kuti avutikire limodzi, ndipo iye akufera pomwepo. Mtengo wa kumvana wakhala moyo wa munthu. Ife sitidabwa nazo. Agogo akati "walira mvula" n'kukhala chete, mwana wa pakhomopo wamva kale za matope, pomwe mlendo amene wamasuliridwa liwu ndi liwu akuyang'ana mitambo.

Palinso china chimene chimafooketsa Babel. Kuang sakhulupirira owerenga ake mokwanira. Chimene siliva wanena kale momveka, amachibwerezanso m'kamwa mwa anthu a m'nkhanimo, n'kuchibwerezanso m'timawu ta m'munsi mwa tsamba. Azungu ambiri a m'bukuli ndi oipa mwanjira imodzimodzi. Buku lophunzitsa kuti mphamvu ili m'zosanenedwa likanayenera kusiyako zina osazinena.

Komabe lamulo lakelo ndi lolimba moti limakutsatira ukatseka buku. Ndakhala ndikuganiza za kachitsulo kolembedwa "inu" mbali imodzi, mbali inayo "you", liwu limodzi limene Chingerezi chimaitanira mfumu, mwana ndi galu mosasiyanitsa. Chotsalira m'njira pamenepo ndi ulemu wonse wa mkamwini pamaso pa apongozi ake: kunjuta, kuyang'ana pansi, kutsitsa mawu, kulandira ndi manja awiri. Ndikuganiza kuti siliva wotere, ataikidwa pakhomo la ofesi, angamapinditse maondo a aliyense wolowa, afune asafune. Ndipo m'dziko la Kuang, wotchula mawuwo akanakhala mwana wotengedwa kwathu kuno, woima pakhomo la eni siliva kuti ena aziwagwadira.