Satana wa nkhope yoyera: luso la Gustaf Gründgens

Mufilimu ya M, imene Fritz Lang anatulutsa mu 1931, muli mkulu wa mbava wovala chikhoti chachikopa, chipewa ndi magolovesi akuda. Akamalankhula mungaganize kuti ndi bwana akutsogolera msonkhano wa kampani, koma akayala dzanja pamapu a mzinda, thupi limachita tsemwe. Ameneyo ndi Gustaf Gründgens, wobadwira ku Düsseldorf mu 1899.

Ambiri ochita zisudzo amayesetsa kuti woonera aiwale kuti akuonera sewero. Gründgens sankafuna zimenezo. Chilichonse ankachiyeza: pomwe apumire, pomwe atembenuzire khosi, liwu loti alifulumizitse ndi loti alikoke. Ankafuna muone kuti akusewera, ndipo kukoma kwake kunali pomwepo.

N'chifukwa chake mbali ya Mephisto, satana wa m'sewero la Goethe la Faust, inamukhala. Anaisewera ku Berlin mu 1932, ndipo mu 1957 anaikonzanso ku Hamburg, Will Quadflieg akusewera Faust. Seweroli analijambula pafilimu mu 1960. Nkhope anaipaka zoyera mbee, milomo yofiira, nsidze zojambula zolozera m'mwamba. Nkhope yotere siyenda kwambiri, motero ntchito yonse imagwera maso, zala ndi mawu. Satana wakeyu saopseza. Amanyengerera, amaseka mwachipongwe, nthawi zina amaoneka wotopa ndi kupusa kwa anthu. Kamera ikayandikira, zina zimene ankachitira anthu okhala kumbuyo kwa holo zimaoneka zopyola muyeso, ndipo ena zimawanyansa. Ine sizindivuta, pakuti Mephisto ndi wonama amene amanyadira bodza lake.

Chovuta n'chakuti luso lomwelo linamuthandiza kukhala bwino ndi chipani cha Nazi. Mu 1934 Hermann Göring, mmodzi wa atsogoleri a chipanichi, anamuika kukhala mkulu wa nyumba ya zisudzo ya boma ku Berlin. Klaus Mann, amene mlongo wake Erika anakwatiwapo ndi Gründgens, analemba buku la Mephisto mu 1936, lonena za wosewera wofanana ndi Gründgens, wogulitsa chikumbumtima chake kuti atchuke. Komabe Ernst Busch, wosewera wachikomyunizimu, anapulumuka chilango cha imfa mothandizidwa ndi Gründgens yemweyo.

Gründgens anamwalira ku Manila mu 1963. Mu 1971, khoti lalikulu la West Germany linagamula kuti buku la Klaus Mann lija, limene linali litaletsedwa kale, likhalebe loletsedwa, poteteza mbiri ya malemuyo.