Kusoka Nthawi Yong'ambika: Ndemanga pa Buku la Thief of Time

M'nkhani ino tifuna kuunika njira yokonzera nthawi yowonongeka imene Terry Pratchett anaipeka m'buku lake lotchedwa Thief of Time, lomwe linatuluka mu 2001 ndipo ndi la nambala 26 pa mabuku ake a dziko lopeka la Discworld. Ganizo lathu ndi lakuti njirayi maziko ake ali m'chiyankhulo cha Chingerezi.

M'bukuli muli amonke a ku Oi Dong amene ntchito yawo ndi kuyang'anira mbiri ya dziko. Kalekale munthu wina anapanga wotchi yagalasi imene inaimitsa nthawi, ndipo itasweka mbiri inamwazika zidutswazidutswa. Amonkewo anatolera zidutswazo nazilumikiza monga momwe telala aphatikira zigamba, kotero kuti zinthu za mibadwo yosiyana zimapezeka pamodzi. Chida chawo chachikulu ndi mizati yozungulira imene ikulunga nthawi ngati ulusi ndi kuifunyululanso. Amatapa nthawi kumene ikungotayika, monga pansi pa nyanja, naipititsa kumizinda kumene ikuperewera.

George Lakoff ndi Mark Johnson, m'buku lawo la mu 1980 lotchedwa Metaphors We Live By, anaonetsa kuti Mngerezi amakamba za nthawi ngati chuma: amaiwononga, amaisunga, amaibwereka. Mafanizo amenewa anazolowereka kotero kuti eni akewo sawamvanso ngati mafanizo. Luso la Pratchett ndi kuwadzutsa ndi kuwasandutsa makina ooneka ndi maso. Dzina la mizatiyo ndi procrastinator, mawu amene tsinde lake ndi cras, kutanthauza mawa m'Chilatini, ndipo mwa masiku onse amanena za munthu wozengereza. Apa chilema cha munthu chasanduka dzina la chida cholemekezeka.

Tsono womasulira bukuli m'Chichewa adzapunthwa pa mawu akuti kusunga nthawi. Kwa ife wosunga nthawi ndi uja amafika pamsonkhano osachedwa. Alibe nkhokwe iliyonse yothiramo maola. Kutaya nthawi ndiko kungagwirizane ndi Chingerezi. Komabe Chichewa chili ndi chuma chake pa nkhani imeneyi, ndicho msintho wotsutsa wa mneni: kutseka ndi kutsekula, kumata ndi kumatula, kuvundikira ndi kuvundukula. Ntchito yonse ya amonke aja ndi kubweza chimene chachitika, ndipo mneni wathu amachita zimenezi popanda kubwereka mawu kwina.

Pali mfundo ziwiri zimene sitikukhutira nazo. Yoyamba ndi yaing'ono: mayina ndi zovala za amonkewa anazitola ku Tibet ndi ku China mongoseweretsa. Yachiwiri ndiyo yolemera. Mlembi watha masamba ambiri kutiphunzitsa kuti kukonza nthawi ndi umisiri wofuna zaka zambiri, ndipo watipatsa Lu-Tze, nkhalamba yosesa pabwalo, kuti ikhale chitsanzo cha nzeru yopezeka pang'onopang'ono. Koma wotchi yachiwiri itaimitsa dziko, amene alumikizanso mbiri ndi Lobsang Ludd, ndipo akutha kutero chifukwa ndi mwana wobadwa kwa Nthawi mwiniyo. Umisiri wagonja kwa magazi.

Funso limene bukuli lingolikhudza pamwamba ndi ili: ndani agamula kuti nthawi ya nsomba njopanda ntchito? Amonkewo safunsa munthu. Okonza ndondomeko za ziyankhulo funsoli akulidziwa. Mu 1968, pamene Chichewa chinasankhidwa kukhala chiyankhulo cha fuko la Malawi, Chitumbuka chinachotsedwa pa wailesi ya MBC, ndipo maola ake anapatsidwa kwa ena. Chinabwereranso mu 1994, patapita zaka 26.