Oyandikana Koma Otalikirana: Za Buku la Mai Hansen

Agogo anga aamuna, atate wao wa amai, anacoka ku Katete ali mnyamata nadzagwira nchito ya ukhukhi m'nyumba za Azungu muno mu Lusaka zaka zoposa 20. Anali kudziwa kuumba buledi, kuocha nyama ya nkhosa ndi kuyala mipeni ndi mafoloko pa tebulo monga mwa mwambo wa ku Ulaya. Koma pa nyumba pao ku Mtendere sindinawaone ngakhale tsiku limodzi atagwira mthiko. Agogo aakazi akadwala, nsima inali kuphikidwa ndi mwana wa mnansi, iwo ali khale pa mpando. Ndili mwana ndinayesa kuti ndi ulesi wa ukalamba. Cimene cinanditsegula maso ndi buku limene ndifuna kukambapo pano, lochedwa Distant Companions, ndiko kunena kuti anthu okhalira pamodzi koma otalikirana mitima.

Analilemba ndi Mai Karen Tranberg Hansen, mbadwa ya ku Denmark, ndipo linasindikizidwa mu 1989. Lifotokoza za anchito a m'nyumba ndi mabwana ao m'dziko lino kuyambira 1900 kufikira 1985. Mai ameneyu si mlendo wongopitirira pa njira ai. Anayamba kuceza ndi anthu a ku Mtendere mu 1971, komboniyo itangokhala zaka zowerengeka, pakuti inatsegulidwa mu 1967 ndipo ambiri oyamba kumanga kumeneko anacokera ku Kalingalinga. Anabwerako kawiri-kawiri, ndipo mu 1997 anaturutsa buku lina, Keeping House in Lusaka, lonena za mabanja a komboni yomweyo. Akuru anati mlendo ndiye abwera ndi kalumo kakuthwa. Tione ngati kalumo ka Mai Hansen kameta bwino.

Funso lace lalikuru ndi ili: m'midzi yathu kuphika, kusesa ndi kutunga madzi ndi nchito za akazi, ku Ulaya nakonso anchito a m'nyumba ambiri anali akazi, nanga cinacitika nciani kuti mu Northern Rhodesia nchitozi zikhale za amuna? Yankho lapafupi nlakuti akazi sanali m'tauni. Boma la atsamunda ndi mafumu anagwirizana kuti mkazi akhale ku mudzi, ndipo nyumba za m'tauni zinali za mwamuna wolembedwa nchito. Nchito ikatha, nyumba nayonso yatha. Koma Mai Hansen sakhutira ndi yankho limeneli, popeza ngakhale pamene akazi anaculuka m'makomboni, nkhondo yaciwiri ya dziko lonse itatha, ndipo boma linafuna kuti akazi alowe m'makhichini kuti amuna apite ku nchito zina, madona sanawafune. Aonetsa kuti cinthu cinatsekereza cinali mu mtima. Dona anaona mkazi wakuda monga munthu woopsa pa ukwati wace, wokhoza kukopa bwana. Tsono anasankha kukhala tsiku lonse m'nyumba ndi mwamuna wacilendo koposa kulowetsamo mkazi mnzace.

Apa mpamene buku lindikomera koposa, cifukwa lionetsa kuti mantha anali pawiri. Azungu omwewo anali kuopanso mwamuna wakuda. Ku Southern Rhodesia mu 1903 anaika lamulo loletsa mwamuna wakuda kugona ndi mkazi woyera, koma lamulolo linakhala cete pa za Mzungu wamwamuna ndi mkazi wakuda. Amene anawerenga nthano ya Doris Lessing ya mu 1950, The Grass is Singing, akumbukira m'mene dona Mary Turner anathedwa nzeru ndi wanchito wace Moses, kumuopa ndi kumufuna nthawi imodzi. Nanga munthu amene umuopa ungamulole bwanji kuyala kama wako ndi kucapa zobvala zako za m'kati? Njira inali kumucepsa mpaka aleke kuoneka mwamuna. Bambo wa imvi, wa ana asanu, anachedwa boyi kufikira imfa. Anambveka yunifomu yoyera, namlankhula m'Cilapalapa, cinenero ca malamulo cimene munthu sangakambiremo za kukhosi. Anampatsa kapu yace-yace ndi kanyumba kuseri kwa bwalo, nalowera khomo la kumbuyo. Citupa cace cinali kunena kumene agwira nchito. Ku buchala Waafrika anali kugulira pa kazenera, ndiye cifukwa cace African National Congress ya Harry Nkumbula inauza anthu kuti aleke kugula m'mabuchala a mu Lusaka mu 1954. Zonsezi zinali mipanda, ndipo mipandayo inakwera pa cifukwa cakuti anthuwo anayandikana kwambiri. Khukhi anadziwa ngongole za bwana, mabotolo amene anamwa ndi usiku umene dona analira. Bwana sanadziwe ngakhale dzina la mudzi wa khukhi.

Nditawerenga izi ndinamvetsa za mthiko uja. Kwa agogo kuphika kwa Azungu kunali luso la malipiro, monga ukalipentala, losakhudzana ndi nsima ya pa nyumba. Munthu amene wakhala boyi kuyambira m'mawa kufikira usiku afuna malo amodzi pamene akhale bambo, ndipo malowo anawapeza pa mpando uja ku Mtendere. Amene analipira mtengo wa ulemu wao anali agogo aakazi.

Komatu pali mbali imene ndinatsala ndi njala. Buku lilimbika pa khungu, pa umuna ndi ukazi, ndi pa kusiyana kwa olemera ndi osauka. Ine ndikadakonda kuti nkhani ya mitundu ifukulidwe mozama cimodzi-modzi. Ncodziwika kuti Azungu ambiri anakonda anchito ocokera ku Nyasaland, namanena kuti ndiwo aukhondo ndi omvera, ndipo ife a kum'mawa tinadyerako mbiri imeneyo. Cifukwa cace ceni-ceni sicinali m'mwazi. Masukulu a mishoni monga Livingstonia ndi Blantyre anayamba kale m'zaka za m'ma 1870, kotero kuti anthu a kumeneko anatsogola kudziwa Cingerezi, kuwerenga kalata ndi kusita malaya. Ndiponso khukhi akamva kuti pa nyumba ina pafunika munthu, anali kuitana mphwace. M'matauni a ku migodi anthu a kumpoto ca kumadzulo, makamaka Aluvale, anapezeka ambiri pa nchito yotaya mabaketi a zimbudzi, ndipo cipongwe ca nchitoyo cinamamatira mtundu wonse zaka zambiri mabaketi atatha. Taonani m'mene mtima wa munthu ucitira: uona mtundu wina pa nchito ina, nuiwala njira imene anafikira pamenepo, nuyamba kunena kuti anabadwira zomwezo. J. Clyde Mitchell, m'kabuku kace ka mu 1956 konena za gule wa kalela ku Luanshya, anaonetsa kuti munthu wa m'tauni, pokumana ndi alendo ambiri, aunjika mitundu yambiri m'magulu owerengeka kuti adziwe msanga womseka ndi womuopa. Ndi momwemo mu Lusaka Mcewa, Mnsenga, Mngoni ndi Mtumbuka onse angochedwa a kum'mawa, ndipo Mbemba awanyoza mwa cimbuya pa maliro popanda wokwiya. Mafunso otere afika mpaka m'khichini. Ndamva ndi makutu anga amai ena ophunzira bwino akufunsa za mtsikana wofuna nchito, asanafunse dzina lace, kuti, “Ndi wa mtundu wanji?”

Gawo lotsiriza la buku ndilo lowawa kwa ife, pakuti linena za ife eni. Ufulu utabwera mu 1964, nyumba za ku Kabulonga, Woodlands ndi Rhodes Park zinayamba kulowedwa ndi Aafrika, amene anthu a m'makomboni anawacha apamwamba. Munthu akadayembekeza kuti khungu likafanana mipanda idzagwa. Mai Hansen, amene anafunsa anchito ndi mabwana m'mayadi a mu Lusaka m'zaka za m'ma 1980, anapeza kuti inatsala ciimire, ndi kuti amuna anali akali ambiri pa nchitoyi. Dona wakuda anaopa cinthu comwe cija anaopa dona woyera, ndipo mwina anali ndi cifukwa coposa, pakuti kwa ife mkazi amene aphikira mwamuna ndi kumuikira madzi osamba wayamba kale kucita za ukwati, ndipo mitala si cinthu cacilendo. Apa mlembi anacita bwino posatikometsera. Akadaika mlandu wonse pa atsamunda, tikadatseka buku tili okondwa ndi osaphunzira kanthu.

Koma nkhani yace iima mu 1985, ndipo zimene zinatsatira zionetsa kuti mantha paokha sakwanira kumasulira zonse. Lero imirirani m'mamawa pa mseu wocokera ku Mtendere kapena ku Kalingalinga kunka ku Kabulonga, mudzaona kuti ambiri oyenda msanga-msanga ndi akazi. Makampani a boma atagulitsidwa m'zaka za m'ma 1990 amuna ambiri anacotsedwa nchito, akazi naturuka kukafuna ya ndiwo. Akazi ophunzira naonso anafuna wolera ana pamene iwo ali ku ofesi, ndipo mkazi analola malipiro amene mwamuna akadakana. Njala ndi kucepa kwa ndalama zinatsegula khomo limene mantha anatseka. Manthawo sanafe ai, anangosintha macitidwe: dona asankha mai wacikulire, kapena aitanitsa kamtsikana ka mbale wa ku mudzi kamene sikalandira kanthu koma cakudya ndi malonjezo a sukulu. Boma linafika pa kuika malipiro ocepetsetsa a anchito a m'nyumba mu 2011, patapita zaka 47 cilandirire ufulu.

Sindilemba monga munthu wosalakwa. Ine ndine kalaliki wamba, mkazi wanga ndi mphunzitsi, ndipo tili ndi mai wa ku Chawama amene atisungira ana. Nditamaliza bukuli ndinalowa m'khichini, ndipo pa zenera ndinaona kapu ya pulasitiki yobiriwira ili payokha, kutali ndi makapu athu. Palibe anaikapo lamulo, ngakhale ine ngakhale mkazi wanga. Maiyo anadza nayo yekha, ataphunzira m'nyumba zina kuti ndimo zikhalira, ndipo ife tinaona osanena kanthu zaka zitatu.

Colakwa cina si ca mlembi yekha: buku lili m'Cingerezi ca ku yunivesite, ndipo anthu amene anapereka mbiri zao sangaliwerenge. Inu amene mwatsiriza sukulu mungalipirire nalo, mukadumpha masamba oyamba otsutsana ndi akatswiri anzace. Ine ndinamasulirako zina kwa agogo aakazi, amene akali moyo ku Mtendere. Anamvetsera mpaka pa nkhani ya madona okana akazi akuda, ndipo anaseka nati, “Mdzukulu wanga, kodi iwe uyesa ife tinali kulira pa geti kuti atilembe? Agogo ako sakadalola, ndipo ine mowa umene ndinali kuphika ku Kalingalinga, pobisalira apolisi, unali kundipatsa pa sabata ziwiri ndalama zimene iwo anali kulandira pa mwezi. Malata a nyumba ino anagula ndani?”